Mchere wa Apongozi

Fanuel anali khukhi, ndipo sankalola munthu kuiwala zimenezo. Pa esiteti ya tiyi imene ankagwira ntchito, m'munsi mwa phiri la Mulanje, anzake ankanyowa ndi mame m'mizere ya masamba kuyambira mbandakucha, iye ali m'khitchini ya bwana, malaya oyera mbee, kumangolawa zakudya ndi supuni. Zaka khumi ndi ziwiri za pa chitofu zinamupatsa kamimba, zinamupatsanso pakamwa. Ku tchalitchi ankakhala pa benchi ya kutsogolo. Anthu akayamba kukamba za miyambo imene makolo anawoloka nayo Muloza pochoka kwa Apwitikizi, iye ankaseka n'kumati zimenezo ndi za anthu osadziwa kuwerenga.

M'chaka cha 1954, mvula itangosiya, mkazi wake Anesi anapita kwawo kufupi ndi Milonde kukadikira mwana. Anabereka wamkazi, anamutcha Emma. Khandalo linali bwinobwino, koma mayi wake sanadzuke pa mphasa. Anayamba ndi chifuwa, kenako mapazi anatupa, kenako anayamba kukana chakudya. Uthenga unafika ku esiteti Lachisanu ndi munthu wogulitsa nanazi: bwerani mudzaone akazi anu, mapazi atupa, sabata yatha akungomwa madzi.

Atamva za mapaziwo, Fanuel anakakhala pa chitsa kuseri kwa khitchini. Chifuwa, kutupa, kuwonda. Ngakhale mwana wa ku Mulanje amadziwa dzina la matenda amenewo. Ndi tsempho, ndipo tsempho silibwera lokha ngati malungo. Limabwera mwamuna akapita kwa mkazi wina pamene wake ali ndi khanda limene silinatengedwe ku mphasa. Fanuel anali atapitako. Kumalayini, komwe antchito a pa esiteti ankagona, kunali Lily, wothyola masamba, amene mwamuna wake anapita ku Joni osabwerako. Zinayamba ndi zidutswa za buledi zokulunga m'nyuzipepala, zinathera komwe zimathera. Kanali katatu kokha, iye ankatero mumtima, ngati kuti tsempho limawerenga.

Dona wa panyumbapo, mkazi wa bwana, anali Mtaliyana, wolongolola koma wa mtima wabwino. Iyeyu ndiye anaphunzitsa Fanuel supu wa odwala wa kwawo: nkhuku yowiritsa mpaka mafupa atope, ndi tizingwe ta ufa wa tirigu todula ndi mpeni. Bwana akagwa ndi malungo ankadzutsidwa ndi supu ameneyu. Dona yemweyo akasowa kwawo n'kudzitsekera kuchipinda masiku awiri, ankatuluka akamva fungo lake. Choncho atamva kuti mkazi wa khukhi wake sakudya, sanafunse zambiri. Anatapa ufa makapu awiri, anatenga mazira, anyezi ndi karoti, n'kumumangira zonse m'kansalu.

"Iwe pita Lamulungu, phika supu," anatero m'Chinyanja chake chothyokathyoka. "Iwe mwamuna wabwino, Fanuele."

Fanuel analandira ndi manja awiri, maso ali pa simenti.

Lamulungu kunacha ndi chiperoni. Phiri silinkaoneka n'komwe, kunkangogwa kamvula kaja kosanyowetsa msanga koma kolowa m'mafupa. Anapalasa njinga ndi sefuliya ya dona kumbuyo, ndipo panjira anagula thadzi lokalamba kwa mayi wina amene anadabwa kuona munthu akukana msoti wonenepa n'kusankha nkhuku yoti inasiya kale kuikira. Iye sanamufotokozere kuti msuzi weniweni uli m'mafupa a nkhalamba. Tsiku lina akanafotokoza mpaka mayiyo kutopa.

Anafika dzuwa lili pakati, ngati kunali dzuwa. Apongozi ake, amayi ake a Anesi, anamuyalira mphasa pakhonde, iwo n'kukakhala chapatali atapereka msana, monga amachitira mpongozi ndi mkamwini. Anali mayi wamfupi, wouma thupi, wa Chinyanja chosakaniza ndi Chilomwe. Anapatsana moni wautali, wa kuntchito ndi wa panjira, kenako iwo anatsokomola pang'ono.

"Mnzanuyo mumuona nokha, akamwini. Kuchipatala cha mishoni tinapita, anatipatsa madzi ofiira a m'botolo. Palibe chasintha." Anakanda pansi ndi kamtengo. "Matendawa ife tikuwaona ngati tikuwadziwa. Malume ake amati tiitane ankhoswe, ine ndati dikirani. Eni ake ndi a tchalitchi, tingawanamizire."

"Mwachita bwino, amayi," anayankha Fanuel.

Ankadziwa zimene ankhoswe amachita ndi mlandu wotere. Mkamwini ndi mlendo pamudzi. Amamukhazika pabwalo, amamuulutsa dzina la mkaziyo pamaso pa anthu, ndipo akakwiya amamupatsa khasu lake n'kumulozera njira. Mwana amatsala, chifukwa mwana ndi wa kuchikazi. Nkhani ikafika ku tchalitchi, benchi ya kutsogolo ija imatha pomwepo.

M'nyumba munali kamdima ndi fungo la utsi. Anesi anali atagona chammbali, khanda lili pamimba pake. Mkazi amene ankasenza mtolo wa nkhuni kuchokera m'phiri akuimba, tsopano mkono wake unali ngati mthiko. Mapazi okha ndiwo anali aakulu, onyezimira.

"Mwabwera, bambo a Emma," anatero, n'kuyesa kumwetulira.

"Ndabwera. Ndikuphikirani supu uja wa dona."

"Wa tizingwe uja? Munkangondiuza pakamwa, lero ndimuona ndi maso." Anatsokomola nthawi yaitali. "Kaya ngati alowe. Chilichonse chikumandinunkha."

Fanuel anatuluka msanga, ngati wina wamuitana.

Anakoleza moto pansi pa kachisakasa kophikira. Anazinga nkhukuyo kuseri kwa nkhokwe, anaisosola, anaiwaula, n'kuiika yathunthu mu sefuliya ya madzi ozizira pamodzi ndi anyezi ndi karoti. Amayi a pamudzipo anayamba kupeza zifukwa zodutsira pamenepo, uyu ndi mtsuko, uyu ndi lichero. Mwamuna pa mafuwa chinali kale chodabwitsa, nanga nkhuku yosakazinga, yopanda tomato, yongosambira m'madzi. Wina anafunsa mnzake mokweza ngati Azungu amadya nkhuku kapena amangoichapa. Fanuel sanawalabadire. Anasolola nkhuni mpaka madziwo ankangophethira, osabwata, n'kumawengula thovu lotuwa lililonse likangoyandama.

Nkhuku ikupsa, anatsuka kathabwa, anathirapo ufa, anakumba kadzenje pakati n'kuswera mazira. Anakanda ndi zikhatho mpaka ufa unasiya kumata m'zala. Anauvundikira ndi mbale kuti upume, kenako anauyala ndi botolo, kuutembenuza, kuuyalanso, mpaka unapyapyala moti mizere ya thabwa inkaonekera. Anaupinda ngati mkeka n'kudula timizere tating'ono ndi mpeni. Atatitambasula pa lichero tinali tizingwe tachikasu, tofanana tonse, ndipo amayi oseka aja anasendera pafupi kudzaonetsetsa.

Tinene zoona, ntchito imeneyi ankaidziwa. Manja ankayenda okha, ndipo kwa ola limodzi kapena awiri mtima wake unakhala pansi. Fungo la nkhuku linadzaza pabwalo lonse m'kachisanu kaja. Anayamba kuganiza kuti mwina ndi chifuwa wamba, kuti mwina mkaziyo akangomwa kanthu kotentha adzuka, ndipo za kumalayini zidzakhala ngati sizinachitike. Munthu amatha kudzinamiza bwino kwambiri manja akakhala ali pa ntchito.

Nkhuku itafewa anaivuula. Anachotsa chidali n'kuchinyenyanyenya timinofu toti wodwala angameze osatafuna, yotsalayo anaipereka kwa alamu ake kuti akaikazinge adye pa nyumba. Msuzi anausefa pa kansalu koyera. Unali utaphwa mpaka kutsala wokwana mbale ziwiri, woyera ngati tiyi wopanda mkaka, timaso ta mafuta tikuyandama pamwamba. Anaubwezera pa moto, anaponyamo tizingwe ndi timinofu tija. Chinatsala chinthu chimodzi, chimene dona ankati chimalowa pomalizira.

Apongozi anabwera okha. Anagwada chapatali, anatambasula mkono n'kuika kachikho ka mchere pafupi ndi mafuwa.

"Mchere uwu, akamwini. Thirani nokha, poti eni chophika ndinu."

Sanabwerere m'nyumba. Anakakhala pa mtondo wogoneka, ndipo kwa nthawi yoyamba chikwatirire mwana wawo, anakhala choyang'ana mkamwini wawo kumaso.

Lamulo la mchere ndi la akazi, chifukwa ophika ndi akazi. Mkazi amene wayenda njira zosayenera sathira mchere m'ndiwo, amaitana mwana kuti athire, apo ayi odyawo atupa. Za mwamuna palibe ankafunsa, poti ndi mwamuna uti amakhala pa mafuwa? Koma dzanja ndi dzanja. Mchere wochoka m'dzanja lotentha ukalowa m'thupi la munthu amene wasemphedwa kale, akulu amati umangomalizitsa. Mayi wokalambayo sanafune ankhoswe. Anangobweretsa kachikho n'kukhala pansi.

Fanuel anagwira njakata. Kuitana mwana kapena mlamu kuti athire kunali kuulula pabwalo, amayi onse aja akumva. Kukankhira kachikhoko kumbali kunali chimodzimodzi. Njira yoti atuluke ali woyera inali imodzi: kutapa, kuthira, kuvundula, monga ankachitira katatu pa tsiku kwa zaka khumi ndi ziwiri.

Ndipo bwanji osathira? Si iye yemwe ankati zonsezi ndi za osadziwa kuwerenga? Dona ankathira mchere tsiku lililonse limene wafuna, ndipo bwana ankangonenepa. Mchere ndi mchere, amaugulitsa amwenye pa sikelo. Anadziuza zonsezi bwinobwino, mwadongosolo, monga ankauzira anzake kumalayini. Koma kuseka mwambo kumakoma wodwalayo akakhala mkazi wa mnzako. Kuseri kwa khoma lija kunamveka chifuwa chija, chouma, chachitali, ndipo khanda linayamba kulira.

Anatapa mchere ndi zala zitatu. Anasuntha pang'ono ngati akuthawa utsi, kuti phewa lake litchinge sefuliya. Anakweza dzanja pamwamba pa nthunzi, anapukusa zala monga amachitira wothira, koma sanazitsegule. Anaganiza zouponya pa moto, n'kukumbukira kuti mchere umathetheka. Ndiye dzanja lija linatsika ngati likukapukutidwa pa kabudula, ndipo mcherewo unalowa m'thumba. Anachita zimenezi kawiri, chifukwa khukhi weniweni sathira kamodzi. Kenako anavundula, analawa, n'kugwedeza mutu ngati wakhutira.

Supuyo anali zii. Nkhuku inkamveka, anyezi ankamveka, koma zonse zinali ngati zikulankhulira kutali. Chikhalire khukhi sanatulutsepo chakudya chotero m'khitchini.

Apongozi anapuma mpweya wautali. Anadzuka pa mtondo paja, anabwezera msana wawo komwe unkayenera kukhala, ndipo mawu awo anatuluka ofewa.

"Mutikhululukire, akamwini. Ukalamba umaganiza zambiri."

Fanuel akanakonda kuti amumenye ndi chikuni. Manyazi amene anamugwira pamenepo sanawamvepo chibadwire, ngakhale tsiku limene anagwetsa mbale ya nyama pamaso pa alendo a bwana. Anali atanamiza nkhalamba imene inkangofuna kupulumutsa mwana wake, ndipo nkhalambayo inali kupepesa.

Anathira theka la supuyo m'mbale ya enamelo n'kulowa nayo. Apongozi anamutsatira, anatenga khanda, anakhazika Anesi chotsamira khoma, iwo n'kukhala pakhomo choyang'ana kunja. Fanuel anagwada, anauzira supuni yoyamba n'kuifikitsa pakamwa pa mkazi wake.

Anesi anamwa. Anasunga msuziwo m'kamwa kanthawi asanameze. Anatenga supuniyo m'dzanja la mwamuna wake n'kudzitungira yekha yachiwiri, kuchokera pansi pa mbale, ngati akufuna kutsimikiza. Kenako anakweza maso. Zaka zinayi anali atakhala ndi mwamuna amene ankatha kudziwa ndi mphuno yokha kuti ndiwo zachepa mchere. Munthu ameneyo sakanaiwala kuthira mchere. Anamuyang'ana nthawi yaitali, ndipo Fanuel anaona nkhope ija ikumva zonse, chimodzi ndi chimodzi. Iye anazyolika n'kumayang'ana maondo ake.

"Zikulowa?" anafunsa apongozi ali pakhomo.

"Zikulowa, amayi."

"Mchere wakwana? Awa athira okha, ndaona ndi maso anga."

Fanuel anatseka maso n'kudikira.

"Wakwana," anatero Anesi.

"Tandipatsa ndilaweko, ndione zimene amadya Azunguzi."

"Iyayi, amayi. Sabata yonse mwakhala mukundikakamiza kudya, lero ndayamba ndiye mundilande? Uyu ndi wanga. Inu mudye nkhuku ija."

Mayiyo anaseka, kuseka kwa munthu amene sanaseke masiku ambiri. Anesi anapitiriza kumwa, supuni ndi supuni, tizingwe tikuterera pa milomo yake yosweka. Thukuta linayamba kutuluka pamphumi. Atamaliza anapendeketsa mbale n'kumwa totsalira.

"Mu sefuliya mwatsala?" anafunsa, osamuyang'ana mwamuna wake.

"Mwatsala mbale imodzi. Mungamwe madzulo, kapena..."

"Bweretsani pompano. Musasiyemo kanthu."

Fanuel anamvetsa. Supu wotsala pa moto pamudzi wa amayi achidwi chotere sakanafika madzulo osalawidwa. Anatuluka, anakokolola sefuliya yonse, anaitsukuluza ndi madzi n'kukataya kudzala. Mbale yachiwiriyo inali nkhondo. Mimba imene yakhala sabata yopanda kanthu silandira zambiri. Anesi ankameza n'kupuma, kumeza n'kugwira pachifuwa, kawiri konse anatseka pakamwa ndi dzanja kuti zisabwerere. Misozi inkatsika, ndipo sankaipukuta. Fanuel anati amulande mbaleyo, iye anaikokera kwa iye. Anamwa mpaka pansi panaoneka duwa lojambulidwa pa enamelo.

Apongozi ataona mbale ziwiri zopanda kanthu anatuluka ndi khanda kumsana, akuitana abale awo mayina. Wadya, mwana wanga wadya, mbale ziwiri. Pabwalo panamveka phokoso, wina anaimba nthungululu yaifupi. Amayi omwe ankati Azungu amachapa nkhuku aja tsopano ankafunsana kuti ufa wake ndi wotani. Anamveka malume ake a Anesi akunena kuti iwo ankadziwa kale kuti mkamwini ameneyu ndi munthu wa Mulungu, ndipo anatuma munthu kukadula mkoko wa nthochi woti apite nawo.

M'nyumba munatsala awiri. Anesi anagonanso chammbali, akupuma movutikira. Fanuel anali chigwadire, mbale ili m'manja.

"Amake Emma," anayamba. "Ine..."

"Dzina lake musandiuze. Ndikachira ndidzabwerera ku esiteti, ndizikatunga madzi pa mpopi umodzi ndi akazi onse aja. Sindikufuna kudziwa kuti ndi uti."

"Ndinaopa kukupwetekani. N'chifukwa chake sindinathire."

Anangoti atanena, anamva yekha mmene mawuwo anamvekera, ngati munthu wobwera kudzalandira mphoto. Anesi anatembenuza mutu n'kumuyang'ana. M'maso mwake munalibe ukali, munali kutopa kokhakokha, ndipo zimenezo zinamupweteka Fanuel kuposa kutukwanidwa.

"Mukanathira ndikanamwa ndithu, osadziwa kanthu," anatero. "Ndiye mukufuna ndithokoze?"

Kunja kunamveka mkoko wa nthochi ukugwa pansi, ndi mawu a apongozi akufunsa ngati akamwini atuluke tsopano.

"Mawa mupite nokha kwa ankhoswe anu, mukanene ndi pakamwa panu, apeze mankhwala oyenera. Si za ine ndekha, mwanayu akuyamwa ine. Ine kwa amayi ndatseka pakamwa lero lokha, chifukwa aseka." Anakoka nsalu n'kudzifunditsa mpaka m'khosi, nkhope kukhoma. "Tsopano tulukani. Akukudikirani kuti akuthokozeni."

Fanuel anadzuka. Anawerama pa kakhomo kaja n'kutuluka, ndipo anapeza apongozi ake atagwada m'matope a chiperoni, akuomba m'manja.